Galimoto ya Bambo Obadiah

Shaun analuma banzi lachiwiri n'kupitiriza kumenya mabatani a kompyuta ngati amulakwira. M'kashopu ka intaneti ka Damaris, kuseri kwa msika wa Chisokone, aliyense ankadziwa kuti mkuluyu akakwinya mphuno chonchi ndiye kuti filimu ya wina ikusendedwa pa bulogu yake. Tsikuli mpeni anaunola kwambiri, chifukwa mkonzi wa nyuzipepala ina ku Ndola anali atamulonjeza danga lakelake akangoonetsa kuti Kitwe amaidziwa bwino.

Chomwe chinamunyansa chinali sewero latsopano la pa TV. Mmenemo munali Bambo Obadiah, ochotsedwa ntchito mgodi utagulitsidwa, amene ankaperekera buledi m'mashopu pa galimoto yaitali yopanda mipando yakumbuyo. Owonera ankaitamanda kuti ndi galimoto yanzeru, yosadya mafuta, yonyamula zambiri. Koma Shaun, poti maso anali nawo, anaona timakatani tofiirira m'mawindo ndi zitsulo ziwiri zotsetserekapo bokosi. Imeneyo inali galimoto ya maliro!

"Kodi opanga seweroli akutiyesa afisi?" analemba motero. "Inde, migodi yagulitsidwa ndipo tasauka, koma umphawi si misala. Palibe munthu wa m'Kitwe amene angagoneke chakudya pamene pankagona mitembo, ndipo palibe angachiike m'kamwa. Wolemba zonyansazi sanapondepo kuno."

Anawerenganso kawiri, akudzigomera yekha. Kenako anakanikiza batani, mawu n'kupita kwa anthu onse ndi kwa mkonzi uja. Ntchito yonyoza imapatsa njala, choncho anakweza chala.

"Ba Damaris, onjezani banzi. Aja ofewa aja."

"Atha, ba Shaun. Koma dikirani pang'ono, ba Fanwell otiperekera mabanzi ndi awo afika."

Panja panalira hutala. Shaun anasuzumira pawindo uku akunyambita zala. Galimoto yaitali inkabwerera cham'mbuyo pakhomo, timakatani tofiirira tikugwedezeka. Mdala Fanwell anatsika n'kutsegula chitseko chakumbuyo, ndipo thireyi ya mabanzi inatsetsereka pazitsulo mwaulemu, osagwedezeka n'komwe.

"Anaigula kumgodi atawachotsa ntchito," anatero Damaris monyadira. "Ndi yomweyitu imene a TV anabwereka. Chaka chonsechi mwakhala mukudya a mmenemo. Ndikupatseni angati?"