Mowa wa Mayi Ockenden

Mbiya yachisanu ndi chinayi itatsegulidwa, Mayi Tabitha Ockenden anakweza chikho.

"Imwani, abambo inu! Kukhosi kouma sikuimba nyimbo!"

Munali mu 1874, ndipo Bwana Lucius Ambry anali atangopambananso mpando wa Wendlecote ku Nyumba ya Malamulo ndi mavoti khumi ndi limodzi okha. Kwa sabata ziwiri ovota ankamwa ulere m'nyumba ya alendo ya mayiyo. Amene sankamwa anali mlendo mmodzi yekha, wamandala, yemwe ankakhala pakona ndi tiyi wake.

Anthu ankanong'onezana. Pachisankho chapitacho, pamene munthu ankavota mokweza mawu pabwalo, Josiah, mwamuna wa Tabitha, anatchula dzina la wopikisana ndi bwanayo. Ambry, mwini minda yonse, anamuthamangitsa pamunda pakati pa chisanu. Josiah anamwalira chisanucho chisanathe.

"Mimba siikumbuka maliro," anatero wosoka nsapato, akutambasula chikho kuti amuthirirenso.

Lamulo linkati phungu womwetsa ovota alandidwe mpando. Onse ankamwetsa ndithu. Luso linali kusasiya umboni. Pa zaka makumi awiri za uphungu, Ambry anali asanalembepo dzina lake pafupi ndi mbiya. Koma chisankhochi chisanachitike, mayi wamasiyeyo anamupempha kanthu kakang'ono: mizere iwiri yolemba yekha, yoti aiike mufelemu pakhoma.

"Anansi aone kuti munatikhululukira, bwana."

Mawu akuti "munatikhululukira" anamukomera kwambiri. Analemba: "Mayi Ockenden, mowa usathe mpaka anthu anga atavota. L. Ambry."

Masana a tsiku lachipambanolo, anthu ake anamulowetsa m'nyumba ya alendoyo atamunyamula pampando wokongoletsedwa ndi nsalu zabuluu, monga ankachitira ndi wopambana aliyense. Tabitha anamugwadira, namupatsa chikho chasiliva.

"Mwaona, anthu inu?" anatero Ambry. "Galu ukamumenya bwino, amaphunzira."

Anthu anaseka. Tabitha nayenso anaseka, kuposa onse.

"Mayi, kalata yanga ija ili kuti? Ndiione mmene yakhalira."

Tabitha analoza pakhoma. Felemu inalipo, yopukutidwa mpaka kunyezimira. M'katimo munali chithunzi cha Josiah. Pakona paja panali kapu ya tiyi yozizira.

"Kalata yakwera sitima ya m'mawa, bwana, pamodzi ndi wamandala uja. Ndi loya, akupita nayo kwa oweruza ku London." Anamulanda chikho mwaulemu. "Josiah anavota mokweza. Ife akazi satilola kuvota, ndiye ine ndavota mwakachetechete."