Amene Amatembenuza a Mhone

Mdima utangogwa ndinathamangira ku Chikale kukatsuka chilonda cha a Mhone, amene agona zaka ziwiri osatha kudzitembenuza. Nditamasula bandeji ndinatsala pang'ono kuvina. Chilonda cha pamsana chija chinali chitapola.

"Prisca, bambo ako wawasamala bwino," ndinauza mwana wawo. "Mawa ubwere kuchipatala udzaphunzitse mabanja ena. Umawatembenuza kangati usiku?"

Anandiyang'ana modabwa. "Ine, anesi? Si inu nomwe kodi? Mumagogoda katatu, ndimakutsegulirani, mumawatembenuza osalankhula n'kumapita."

Ine kumeneko ndimapitako Lachiwiri lokha, kamodzi basi.

A Mhone anandimwetulira. "Lero mwafulumira," anatero.

Kunja munthu anagogoda katatu. Prisca, mwachizolowezi, ananyamuka kukatsegula.