Mwezi Wopanda Dandaulo

Timapepala tobiriwira, tolembapo zabwino, tinadzaza bolodi mpaka tina kumagwera pansi. Mbali ya tofiira, ya zolakwika, inali mbee.

Unali msonkhano wa kumapeto kwa mwezi, pomwe gulu lopanga apu ya pafoni yogulira katundu limakhala pansi kuunika ntchito yake. Bwana anali atapachika jekete pampando, mano onse pamtunda.

"Mwezi wathunthu popanda dandaulo la kasitomala ngakhale limodzi!" anatero. "Kale timalandira makumi anayi pa sabata."

Olemba mapulogalamu anaomba m'manja. Amene sanaombe ndi Mayi Bwezani, oyesa apu isanatuluke. Dzinali anawapatsa ndi anzawowo, chifukwa chilichonse chofika pa desiki pawo chinkabwerera kwa mwini wake. Batani limodzi ankalidina kakhumi, kenako n'kuzondotsa foni, kulidinanso. Kunena zoona, ankatopetsa. Ndiye mwezi wapitawo Bwana analamula kuti ntchito izituluka osadutsa kwa iwo, aone ngati dziko lingathe.

Dziko silinathe. Kalata yochotsa Mayi Bwezani ntchito inali kale m'thumba la jekete lija, nsonga yake ikusuzumira. Mayiwo anaiona ndipo mtima unawawawa, poti anagwira pamenepo zaka zisanu ndi ziwiri.

"Mayi, simunamate kapepala," anatero Bwana ngati wosadziwa kanthu. "Lero zolakwika zakutherani?"

"Ndili ndi kapempho chabe, bwana. Tatumizani dandaulo limodzi pa foni yanuyo. Lililonse, ngakhale la tiyi wa muno."

Anthu anafa ndi phwete. Bwana anatsegula apu, analemba kuti tiyi wake ndi madzi enieni, n'kudina batani lotumizira. Foni inayankha mwaulemu: "Zikomo, dandaulo lanu talilandira."

"Mwaonatu? Zikuyenda myaa."

"Tsopano tsegulani kofikira madandaulo."

Anatsegula pa sikirini yaikulu ya pakhoma, aliyense akuona. Kunalibe kanthu. Anadikira. Anatumiza kachiwiri, kachitatu, thukuta litayamba kale pamphuno.

Mmodzi wa olemba mapulogalamu anasuzumira pa kompyuta yake n'kugwira pakamwa. Batanilo linafa Lolemba lomwe ntchito inayamba kutuluka yosayesedwa. Mwezi wonse makasitomala ankalira, apu n'kumangowathokoza.

"Mayi," anatero Bwana ndi mawu apansipansi, "kodi mawa mungalawirire?"