Madeya Aulere a kwa Nachisale

Padangotero, kudamveka malonda okoma mokayikitsa. A Nachisale adalengeza kuti mbalame iliyonse yolowa m'khola mwawo izidya madeya aulere, izigona pouma, ndipo izilandira katemera wa chitopa.

Nkhanga, atawonda ndi chilala, adafika pampanda kudzafunsa Thadzi, yemwe adakulira m'kholamo.

"Achemwali, n'zoona zimenezi?"

"N'zoona! Mayiwa satigenda. Ngakhale potinyamula satizondotsa ngati mavenda apanjinga aja."

"Nanga mazira anu amapita kuti?"

"Amatola mwaulemu, n'kundisiyirako limodzi kuti ndisadandaule."

"Mutati lero ayi, mazirawa ndi anga, angakumvereni?"

Thadzi adaseka chikhakhali. "Inu akutchire ndi milandu! Ufulu wanuwo mumadyera chiyani? Taonani mafupa ali pamtundawo."

"Njala ndili nayodi," adavomera Nkhanga. "Koma kusungidwa bwino ndi kwina, kukhala mwini wa khosi lako ndi kwinanso."

Adawayang'ana madeyawo nthawi yaitali, nameza malovu, n'kubwerera kuthengo.

Mvula itagwa, kwa a Nachisale kudabwera apongozi. Mayiwo adamunyamula Thadzi mosamala, namusisita, nakamuonetsa kwa alendo ali wamoyo monga mwa mwambo. Mpeni adaunola kwambiri kuti Thadzi asavutike, ndipo maso awo adalengeza misozi. Kunena zoona, palibe lonjezo limene adaphwanya.

Nkhanga adalipira ndi njala ya miyezi itatu komanso nthenga zingapo zimene zidatsala pamsampha. Thadzi adalipira kamodzi kokha, ndi khosi limodzi. Tsoka lake, adalibe lina.