Anangofunsa za Pamwezi

Panali munthu wina pa Boma ku Rumphi, a Hezron Msowoya, mphunzitsi wa ku sekondale ya mishoni. Iwo ndi akazi awo a Kezia ankagona m'chipinda chimodzi cha nyumba yawo yomwe. Zipinda zinazo anazigawa ndi pulayiwudi n'kuikamo anthu a lendi. Loweruka lina masana, a lendiwo anamva mawu a mayi kuseri kwa pulayiwudiyo.

"Werenganinso kalatayo, awiske Temwa. Ine sukulu ndinalekera Sitandade 5, mwina ndamva molakwika," anatero a Kezia kwa bambo a mwana wawo Temwa.

"Tsitsani mawu, NyaHarawa, anthu akumva," anayankha a Hezron, powaitana akazi awo ndi dzina la mfunda wawo.

"Amve. Chipupachi munakhoma ndinu."

Nkhani yake inayamba zaka zisanu m'mbuyomo. A Kezia ankapikula usipa ku Mlowe n'kumagulitsa pamsika. Maganizo awo anali akuti amange monga amangira anthu onse: chaka chino kuotcha njerwa, chaka chamawa malata, zitseko zibwere fodya akagulitsidwa. A Hezron anakana. Anati mkulu wa mpingo sangakhale m'nyumba yotchinga mawindo ndi masaka. Anapita ku banki ina ku Mzuzu kukatenga ngongole ya nyumba, K6 miliyoni, yobweza zaka 15.

Tsiku losainira a Kezia anapita nawo. Amuna awo ndi mnyamata wa tayi wa ku bankiyo ankacheza m'Chingerezi, akuseka. A Hezron anafunsa funso limodzi lokha, lakuti pamwezi azidulidwa zingati. Atamva K97,000 anagwedeza mutu n'kutenga cholembera. A Kezia, amene sagula ndowa ya usipa asanawerengere thiransipoti, chiphaso cha msika ndi zoola, anafunsa kuti nanga zonse pamodzi zidzakwana zingati. Amuna awo anawaponda phazi pansi pa tebulo. Panja anawauza kuti kuno si kumsika, asamawachititse manyazi.

Nyumba inatha, ya zipinda zisanu. Abusa anabwera kudzaipempherera, amayi a mvano anaimba mpaka mawu kusasa. Kenako kunabwera zimene a Hezron sanawerenge papepala lija: inshuwalansi ya nyumba chaka ndi chaka, lendi ya malo, ndiponso kamzere kakuti chiwongoladzanja chikhoza kusintha. Chinasinthadi kwacha itagwa, ndipo ya pamwezi inadutsa K120,000. Malipiro ankalowa m'mawa, pofika masana banki yatenga zake.

Anayamba kugulitsa mipando. Mwana wawo Temwa anamutumiza kwa ankhazi ake, alongo a bambo ake, ku Mhuju kuti akaphunzire sukulu yoyendera. Alendo a ku tchalitchi anasiya kubwera, poti tiyi anasowa. A Kezia ankadzuka okha kupita ku Mlowe, kubwerako okha, mpamba wonse wa usipa n'kuthera kukwaniritsa ya banki. Analibe womuuza. Anzawo a pamsika ankawatcha madamu a nyumba ya matailosi, ndiye akanayambira pati kudandaula?

Kalata imene ankakanganira Loweruka lija inali yochokera ku banki. Inati atsalira miyezi itatu, ndipo akapanda kulipira nyumba igulitsidwa. Koma chimene chinawawa a Kezia ndi nambala ya m'munsi. Pa zaka zisanu anali atapereka zoposa K6 miliyoni, ndalama yonse imene anabwereka. Ngongole yotsala inali K5.4 miliyoni.

A Hezron anafotokoza motsitsa mawu kuti zaka zoyamba ndalama yambiri imapita ku chiwongoladzanja, ngongole yeniyeniyo imangonyenyeka pang'ono. A Kezia anafunsa kuti zimenezi anazidziwa liti. Anayankha kuti dzana, atakafunsa.

Mayiwo anatenga foni yawo ya mabatani n'kuchulukitsa 97,000 ndi 12, kenako ndi 15. Anawaonetsa amuna awo: K17 miliyoni ndi kanthu, osawerengera kukwera kuja.

"Nyumba zitatu izi. Imodzi yathu, ziwiri tikumangira anthu osawadziwa. Zaka zatsala zingati?"

"Khumi."

"Nanga kuti mupume pantchito?"

A Hezron anayang'ana pansi. Anati zisanu ndi chimodzi.

Kuseri kwa pulayiwudi wina anatsitsa wailesi. A Kezia anali atakonzeka kukalipa mpaka madzulo, koma analeka. Anangoti wamagolosale wina wa ku Katowo amene anafunsapo za nyumbayi amuimbire lero, agulitse okha banki isanaigulitse motchipa. Zotsala akalipira ngongole zikwana njerwa ndi malata a zipinda ziwiri ku Mhuju, pafupi ndi mwana.

A Hezron anafunsa kuti ku mpingo akanena chiyani.

"Mukanene kuti tasamuka."

Bambowo anaimba foniyo ali chiimire, nkhope ataloza kukhoma. Anagwirizana kuti wogulayo abwera Lachiwiri. A Kezia anayala mphasa, anabweretsa chinangwa chophika ndi usipa wophwanyika umene sunagulidwe pamsika. Anawathirira amuna awo madzi osamba m'manja.

"Yewo," anathokoza a Hezron, ndipo awiriwo anakhala pansi n'kuyamba kudya.

Phunziro: Musanasaine ngongole ya nyumba, musalekere pa funso la pamwezi. Chulukitsani ndi miyezi yonse muone chimene mudzapereke pamapeto, funsani ngati chiwongoladzanja chingakwere, ndipo werengani zaka zimene zakutsalirani pantchito. Kufunsa m'chinenero chanu pamaso pa munthu wa tayi si manyazi. Tumizirani abale ndi anzanu uthengawu asanagwire cholembera.